Sabr siyiletsa kufunsa chipukuta misozi



Lero ndikufuna tikambirane za m'bale amene wagundidwa ndi galimoto, kapena wagwa pa kabaza, ndipo watuluka m'chipatala mwendo uli wopuwala. Timapita kukamuona, timamuchitira dua, kenako timati: "Ndi qadar ya Allah, pirira." Zoonadi, palibe chimene chimatigwera popanda chilolezo cha Allah (Subhaanahu wa Ta'ala). Koma ndamvapo ena akuwonjezera kuti kufunsa chipukuta misozi ndi kusowa sabr, kapenanso kuti ndi kudya ndalama za magazi. Apa ndiye ndikukana.

Werengani Surah An-Nisaa, ndime 92. Allah akulankhula za munthu amene wapha mnzake mwangozi, osafuna. Ngakhale sanafune, walamulidwa kupereka diya, dipo lopita kwa abale a malemuyo, pokhapokha iwo atakhululuka mwa kufuna kwawo. Sunnah inafotokoza kuchuluka kwake: ngamira 100 pa moyo wa munthu, theka lake pa dzanja limodzi kapena diso limodzi, ngamira 10 pa chala chilichonse, ngamira 5 pa dzino. Taganizani, ngakhale dzino linawerengeredwa! Chipembedzo chimene chimatiphunzitsa qadar ndi chomwechonso chimene chinaika malipiro amenewa. Ndiye munthu wofunsa chake wachimwa pati?

Pa imfa yangozi, dipo silinkasiyidwa pamutu pa wolakwa yekha. Achibale ake akuchimuna, otchedwa aaqila, ankasonkherana kuti alipire. Mutu umodzi susenza denga. Lero kuno ku Malawi lamulo la pamsewu limakakamiza galimoto iliyonse kukhala ndi inshuwaransi yoteteza anthu ena amene ingawavulaze. Ma ulama amasiyana maganizo pa nkhani ya inshuwaransi yamalonda, koma ambiri amalola imene boma lakakamiza, ndipo amalolanso wovulala kulandira malipiro a kuvulala kwake.

Tsono wovulala achite chiyani? Ngozi ikanenedwe kupolisi, ndipo lipoti lake litengedwe. Dokotala alembe lipoti lofotokoza kuvulala ndi kukula kwa ulumali umene watsala. Nambala ya galimoto, dzina la kampani ya inshuwaransi, manambala a mboni, malisiti a mankhwala ndi a thiransipoti, zonsezi zisungidwe. Bwalo likamaweruza limaona ululu umene munthu wamva, chilema chimene chatsala, zinthu zimene sangathenso kuchita, ndi ndalama zimene akanapeza akadakhala bwino. Musazengereze, chifukwa lamulo linaika malire a nthawi yodandaulira. Wopanda ndalama za loya apite ku Legal Aid Bureau. Ndipo musasaine pepala limene simunalimvetse, ngakhale njala itavuta bwanji kunyumba.

Achinyamata, apa ndi pathu. Ovulala ambiri ndi makolo athu amene mapepala achingerezi amawaopsa. Ife amene tili ndi sukulu ndi foni m'manja tiwaperekeze, tiwawerengere, tijambule malisitiwo. Imeneyinso ndi sadaka.

Koma ndisabise mbali inayo. Pali ena amene amalembetsa dzina pa ngozi ya minibasi imene sanakwere n'komwe. Ena amagula lipoti lachipatala kuti chilonda chaching'ono chioneke ngati ulumali. Pali madobadoba amene amazungulira m'mawodi, kulonjeza zokoma, kenako n'kudya gawo lalikulu la ndalama za wolumala. Zonsezi ndi haraam. Musadzinamize kuti "ndi za kampani, palibe amene ndamubera." Umboni wabodza Mtumiki (Swalla Allahu alayhi wasallam) anauika m'gulu la machimo akuluakulu. Komanso bodza lililonse limachititsa kuti wovulala weniweni akayikiridwe, n'kudikira zaka.

Ndi iwe m'bale wanga woyendetsa galimoto kapena njinga yamoto: anthu amene wawanyamula ndi amaana. Kuyenda wopanda laisensi, wopanda inshuwaransi, mabuleki akufa, foni ili kukhutu, si tawakkul imeneyo. Ukagunda munthu usathawe udindo. Ngati ukuopa gulu la anthu, thamangira kupolisi, osati kukabisala. Ukamuone kuchipatala, upepese, ulipire chimene chili pa iwe. Ngongole ya munthu siyifafanizika ndi istighfaar yokha. Ukaizemba pano, idzakupeza pa Tsiku la Qiyaamah, pamene malipiro adzakhala zabwino zako.

Nanga kukhululuka? Ndi kwabwino kwambiri, ndipo mphoto yake ili kwa Allah. Koma kuchokere mumtima mwa mwini chilonda. Tisamukakamize mayi amene sangathenso kulima kuti asiye chake chifukwa woyendetsayo ndi wa mzikiti wathu. Ana ake adzadya chiyani?

Allah achiritse onse amene ali m'zipatala, awakhululukire amene anatisiya pa ngozi, ndipo atiteteze pa maulendo athu. Aameen.

Mukudziwa wina amene ali pa vutoli? Mutumizireni uthengawu.