Tsiku lomwe ndinabwereka agogo a eni

Ndiyambe ndi kuulula. Chaka chatha, mu ofesi ina ku Lilongwe, ndinanama. Inali intavyu yachisanu ndi chiwiri chimalizireni digiri, ndipo bambo wina waimvi amene ankatsogolera mafunso atayang'ana pepala langa anamwetulira. "A Phiri. Kodi pali chibale ndi malemu D.D. Phiri?" Pakamwa panayankha mutu usanaganize: "Eya bwana, ndi agogo kumbali ya bambo." Nkhope zonse m'chipindamo zinamasuka, wina mpaka kugwedeza mutu ngati akuti n'chifukwa chake.

D.D. Phiri kwawo kunali ku Mzimba. Ine ndine wa kuno ku Ntcheu, mudzi wina kufupi ndi Lizulu. Sindinawaonepo ndi maso, ndipo tsiku limenelo ndinali ndisanawerengepo buku lawo ngakhale limodzi. Ntchito ija anapatsa wina, ndiye musaganize kuti bodzali linandilemeretsa. Koma landikhala pakhosi mpaka lero.

Nditamufotokozera mnzanga wina tikudya chimanga chootcha pa Lizulu, anaseka mpaka kutsamwa. "Aise, wanama pati? A Phiri onse si amodzi? Chibale ndi fupa, sichiola." Ndipo kunena zoona sankalankhula zopanda mutu. Kwathu kuno chiwongo si chinthu chosewera nacho. Mayi akakupatsa madzi suthokoza chisawawa, umati zikomo Naphiri, zikomo Nangozo. Ukakumana ndi Phiri mnzako m'minibasi, ngakhale akhale wa ku Chipata kapena wa ku Angonia, mumagwirana chanza kawiri. Ngakhale Ray Phiri uja wa gulu la Stimela, amene anaimba gitala mu chimbale cha Graceland cha Paul Simon mu 1986, timamuwerengera kwathu chifukwa bambo ake anachokera kuno kupita ku Joni. Ndiye ngati mwambo womwe ukundilola kutchula mlendo kuti mbale wanga, ine ndinalakwa chiyani?

Ndalingalira funso limeneli miyezi ingapo, ndipo ndafika apa. Chibale cha chiwongo kumudzi chimabwera ndi katundu. Ukamutcha munthu mbale wako, ndiye kuti wavomera kumuyalira mphasa, kumugawira ndiwo, kukakhala nawo pamaliro ake. Iwe ndiye umapereka. Ine mu ofesi muja ndinatembenuza zinthu. Ndinatenga thukuta la munthu amene anaphunzira zachuma ndi yunivesite ya London, nalemba mabuku zaka makumi angapo, n'kulinyamula ngati lisiti langa. Mawu omwewo, agogo, koma cholinga china. Bambo waimvi uja sankafunsa za chiwongo. Ankafunsa ngati ndinakulira pafupi ndi mabuku amenewo, ndipo ine ndinadziwa bwino lomwe zimene ankafunsa.

Manyazi ndi amene anandipititsa kukafufuza mabukuwo. Mukalemba dzina lakuti Phiri pa makina ofufuzira mabuku a laibulale, mumaona chinthu chodabwitsa. Makinawo sadziwa mudzi, sadziwa mtundu, amangondandalika anthu motsatira zilembo. D.D. Phiri atulukira pamenepo, Kings M. Phiri ali pambali pawo, ngati ana a mimba imodzi atakhala pabenchi la kuchipatala. Wina ankalemba zachuma m'nyuzipepala ya The Nation sabata ndi sabata, kuphatikiza mabuku a mbiri yakale monga From Nguni to Ngoni. Winayo anaphunzitsa mbiri yakale ku Chancellor College, ndipo kafukufuku wake wamkulu anamuchita pomvera zokamba za akuluakulu m'midzi ya Achewa. Chowalumikiza pamndandandapo ndi zilembo zisanu basi.

Chinandipweteka kwambiri ndi ichi. Pakati pa mabuku a D.D. Phiri pali lina laling'ono lokamba za Inkosi Gomani II. Mfumu yathu yomwe ino, ya pa Lizulu pomwe ndimagula kabichi. Philip Gomani anakana chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland mu 1953, nauza anthu ake kuti asamvere malamulo ena a boma la atsamunda. Anamuchotsa paufumu, anathawira ku Mozambique limodzi ndi mbusa Michael Scott, anamubweza, ndipo anamwalira mu 1954 asanabwerere pampando wake. Bambo ake, Gomani woyamba, anaphedwa ndi Angelezi mu 1896 kufupi ndi Dombole. Ine mwana wa pompano, wadigiri, nkhaniyi ndinkangoidziwa mwapatalipatali ngati ya dziko lina. Munthu wa ku Mzimba anakhala pansi n'kulemba za kwathu, ine n'kumangobwereka dzina lake osatsegula tsamba ngakhale limodzi. Ngati pali mmodzi mwa awirife amene anachita zaubale, si ine ayi.

Koma pamndandanda uja pali Phiri mmodzi amene sindinamupeze, ndipo ndi yekhayo amene magazi ake ali mwa ine. Agogo anga enieni, bambo a bambo anga, anali mmisiri wosema. Ankasema mitondo, misi, zipande, mipini ya makasu, ndipo chilimwe chikafika ankasema ziboliboli n'kukaziika m'mbali mwa msewu wa M1 kudikira azungu odutsa. Ndimakumbukira fungo la mlombwa pakhonde pawo, ndi mmene ankatembenuzira chipika kangapo asanachikhudze ndi sompho, ngati akuchifunsa kaye. Sukulu anasiyira sitandade 3. Pa zonse zimene anasema sanalembepo dzina. Kaya pali nyumba ina ku Ulaya komwe chiboliboli chawo chili pashelefu, mwini wake n'kumauza alendo kuti ichi n'cha ku Malawi, nkhani n'kuthera pomwepo.

Funso lovuta si lakuti ndinatchuliranji D.D. Phiri. Ndi lakuti n'chifukwa chiyani agogo enieniwo sanandibwerere m'mutu. Akanandifunsa kuti agogo ako ankachita chiyani, mwina ndikanati anali mlimi n'kudumpha msanga. Sukulu inandiphunzitsa, popanda mphunzitsi aliyense kunena poyera, kuti dzina lolemera ndi lomwe lasindikizidwa pachikuto. Zachuma ndi mbiri yakale zili ndi mabuku, ndipo buku limasunga mwini wake. Mtondo susunga dzina. Umangogwira ntchito mpaka kung'ambika.

Mwezi wa June ndinatsika chitunda cha ku Golomoti kupita ku Mua, ku Dedza, kukaona malo a Kungoni. Kumeneko zosema zili ndi ulemu wake, amisiri akugwira ntchito anthu akuona, ndipo m'nyumba ya Chamare muli zigoba za gule wamkulu zambirimbiri. Amene anayambitsa malowa mu 1976 ndi wansembe wochokera ku Canada, Claude Boucher, ndipo pachikuto cha buku lake la When Animals Sing and Spirits Dance dzina lake lalembedwa kuti Claude Boucher Chisale. Chisale ameneyu sanabadwe naye. Anachita kupatsidwa ndi anthu amene anakhala nawo, kuphunzira chilankhulo chawo ndi miyambo yawo zaka zambiri. Pali amene anganene kuti n'zomvetsa chisoni kuti buku lalikulu la zigoba zathu linachita kulembedwa ndi mlendo, ndipo ine mbali ina ndimagwirizana nawo. Komabe nditaima pamenepo sindinapeze mphamvu yomuweruza. Iye dzina analigwirira ntchito kenako n'kupatsidwa. Ine ndinapatsidwa laulere kuchipatala tsiku lobadwa, ndipo ntchito yoyamba yomwe ndinaligwiritsa ndi kunamiza anthu.

Pobwerera ndinadutsira kwa azakhali, kumudzi kwa bambo, komwe ndimapitako kamodzi pachaka ngati zavuta. Ndinawapeza akusinja mtedza wotendera. Nditawafunsa ngati pali chilichonse cha agogo chomwe chinatsala, anangoloza mtondo womwe ankasinjirawo. Atamaliza ndinaupendeketsa, kuyang'ana pansi pake, m'mbali monse, kufuna kachizindikiro kalikonse.

"Mukufuna chiyani a Phiri?"

"Dzina lawo, azakhali. Kapena chilembo chabe."

Anaseka, nagwira dzanja langa n'kuliyendetsa m'khosi mwa mtondowo, pomwe pali timizere titatu tozungulira, wapakati wozama kuposa enawo. Anati mitondo yotere ilipo inayi m'mudzi muno, wina uli kutsidya kwa dambo, ndipo mayi aliyense wamkulu akangouona amadziwa amene anasema. Ndinatulutsa foni kuti ndijambule, koma kunali kutada kale, chithunzi chinatuluka chakuda. Ndawauza kuti ndibweranso Loweruka m'mawa, andiperekeze kukaona inayo.