M'BALE WATHU WAGWIDWA NDI MOWA: KODI TIMUTAYE?



Palibe Msilamu kunyanja kuno amene sadziwa kuti mowa ndi haramu. Ngakhale mwana wa ku madrasa akhoza kukuuzani. Koma tikati tinene zoona, m'makomo mwathu ambiri, kuyambira ku Makanjira mpaka ku Nkhotakota, muli mwana, mlamu kapena bambo amene ndalama ya usipa imamuthera ku kachasu nsomba zisanaume n'komwe pa thandala. Tsono funso loti muliganizire m'mwezi uno wa Ramadhan ndi ili: munthu wotereyu, amene analapa chaka chatha koma anabwereranso, tichite naye chiyani?

Ena amati ngwochimwa basi, asayandikire ku mzikiti. Ena amati akudwala, choncho alibe mlandu. Onsewa agwira mbali imodzi yokha ya nkhani. Kumwa ndi tchimo lalikulu, ndipo womwayo adzayankha kwa Allah. Komanso amene wamwa tsiku ndi tsiku kwa zaka zambiri, thupi lake limasintha. Ubongo umazolowera kugwira ntchito mowa uli m'magazi, kotero kuti akausowa manja amanjenjemera, thukuta limatuluka, tulo timasowa. Chiwindi chimaonongeka pang'onopang'ono, mimba n'kutupa. Pofika apa samwanso kuti asangalale ayi, amamwa kuti kunjenjemera kuleke. Tchimo labala matenda, ndipo zonse ziwiri zifuna mankhwala ake.

Taonani m'mene Allah mwini wake anachitira ndi anthu oyamba. Maarabu anali omwa kwambiri, koma lamulo loletsa silinabwere tsiku limodzi. Mtumiki (SAW) atasamukira ku Madina m'chaka cha 622, kunatsika ndime ya mu Surah Al-Baqarah yonena kuti kuipa kwa mowa kumaposa phindu lake. Kenaka ya mu Surah An-Nisa inaletsa kuswali munthu ataledzera. Ganizani bwino: swala ndi zisanu pa tsiku, ndiye nthawi yomwera inachepa yokha. Pomaliza inadza ya mu Surah Al-Maidah yoletseratu, ndipo Anas bin Malik, amene tsiku limenelo anali kutsanulira anthu chakumwa m'nyumba ya Abu Talha, anasimba kuti anakhuthula zonse mpaka mowa unayenderera m'misewu ya Madina. Kufunga kwa Ramadhan kunalamulidwa m'chaka cha 624, lamulo lomalizali lisanabwere. Mitima inayamba yaphunzira swala ndi swaumu, kenaka ndiye inatha kutaya mitsuko.

Musatimve molakwa. Lero lamulo ndi lokwana, ndipo palibe wololedwa kunena kuti ndizimwa pang'ono monga anthu oyamba aja. Phunziro lake ndi lakuti munthu amasiya mowa mtima wake ukapeza pogwira. Tsono inu mukam'pirikitsa ku mzikiti, mwam'landa pogwira pomwepo.

Nanga wobwerezabwereza? M'buku la Bukhari muli nkhani ya munthu wina dzina lake Abdullah, amene ankaseketsa Mtumiki (SAW) ndi nthabwala zake, koma kawirikawiri ankagwidwa ndi mlandu wa mowa nalangidwa. Tsiku lina atabwera nayenso, munthu wina anam'temberera chifukwa cha kubwerezako. Mtumiki (SAW) analetsa temberero limenelo, nachitira umboni kuti munthuyo amakonda Allah ndi Mtumiki wake. Chilango anachilandira, koma ubale sunadulidwe. Ngati Mtumiki (SAW) anaona chikondi cha Allah mumtima mwa womwa, ife ndife yani kuti tinene kuti mwa m'bale wathu mulibe kanthu?

Palinso mawu amene ambiri amawamva theka. Amati womwa mowa swala yake silandiridwa masiku 40, ndiye munthu n'kuganiza kuti palibe chifukwa choswalira. Hadith yomweyo imapitiriza kunena kuti akalapa Allah amalandira kulapa kwake, ndipo mashehe amalongosola kuti swalayo ikadali udindo wake. Kusiya kuswali ndi kuonjezera tchimo pa linzake.

Tsopano chenjezo kwa inu a pabanja, chifukwa apa pagona moyo wa munthu. Amene wakhala akumwa kwambiri tsiku lililonse, akasiya mwadzidzidzi pa tsiku loyamba la kufunga, thupi likhoza kuwukira. Kunjenjemera kumayamba tsiku lomwelo. Ena amakomoka ngati a khunyu. Pa tsiku lachiwiri kapena lachitatu ena amasokonezeka mutu, kuona tizilombo pakhoma ndi kumva mawu kumene kulibe munthu. Ambiri amathamangira kunena kuti ndi majini, pamene ndi mowa ukuchoka m'thupi, ndipo zimenezi zimapha. Pitani naye kuchipatala msanga, ndipo muwauze adokotala zoona zake za kamwedwe kake popanda manyazi. Kumeneko kuli mankhwala otsitsa kunjenjemera ndi vitamini B1 woteteza ubongo. Chabwino koposa ndi kuyamba wapita kuchipatala asanasiye. Akadwala chotere saumirizidwa kufunga, pakuti wodwala analoledwa kumasula ndi kudzabweza masikuwo akachira.

Chifundo chimene tikunena pano si kum'bisira zoipa zake. Mayi amene akumenyedwa asauzidwe kuti apirire chifukwa ndi Ramadhan; ankhoswe ndi akuluakulu a mzikiti alowepo, ana atetezedwe. Musam'lipirire ngongole za ku mowa. Ngati iye avomera, ndalama ya nsomba ilandiridwe ndi munthu wokhulupirika pagombe pomwepo. Eni ngalawa nawonso asalole woledzera kupita panyanja usiku, makamaka nyengo ya mwera, chifukwa saika pangozi moyo wake wokha. Koma futari ikakwana muitaneni, akhale pa mkeka pamodzi ndi ena. Mudzutseni pa daku. Wina am'dzere popita ku Tarawehe, chifukwa madzulo ndiye nthawi imene chilakolako chimakula. Mutu umodzi susenza denga.

Ndipo inu m'bale amene nkhaniyi ikukukhudzani, mwina mukuwerenga mobisa. Amene anasiya amanena kuti masiku oyamba ndi owawa, tulo timavuta kwa masabata angapo, ndipo anzanu a ku mowa adzakusekani. Amanenanso kuti chilakolako chimabwera ngati funde, chimakwera kenaka n'kutsika, ngati munthu sakhala yekha pa nthawi imeneyo. Pakapita miyezi nsima imayambanso kukoma, manja amagwira bwino chilimira, ndipo ana amaleka kuthawa akamva mapazi anu pakhomo. Sinthani njira yobwerera kuchokera kugombe ngati imadzera pamalo omwera. Mukagwa, lapani tsiku lomwelo, musadikire Ramadhan ya chaka chamawa.

Mayeso aakulu adzabwera pambuyo pa Idi, pamene mzikiti uyamba kuchepa anthu ndipo aliyense wabwerera ku zake. Choncho banja lililonse lisankhiretu lero munthu mmodzi amene adzapitiriza kuyenda ndi m'baleyu m'mwezi wa Shawwal ndi miyezi yotsatira.

Allah atikhululukire tonse, achiritse odwala athu, ndipo alandire kufunga kwathu. Ameen.